Poloza Kamera Mayi Akamafotokoza Nkhanza

Wojambula kanema wa zochitika zenizeni, yemwe salemba sewero koma amatsatira anthu eniake m'moyo wawo, amakumana ndi funso lovuta akafika kwa mayi wochitiridwa nkhanza: kamera iloze pati? Zipsera ndi misozi zimakopa owonera msanga, koma zikachuluka mayiyo amasanduka munthu wongomvera chisoni, pomwe ojambula omenyera ufulu wa amayi amafuna kuti iye aoneke akulankhula, akutsutsa ndiponso akusankha yekha chochita.

Chitsanzo chomveka ndi filimu ya Sisters in Law ya mu 2005, imene Kim Longinotto wa ku Britain anajambula pamodzi ndi Florence Ayisi m'tauni ya Kumba ku Cameroon. Iwo anakhala m'maofesi ndi m'bwalo la milandu momwe Vera Ngassa, woimira boma pa milandu, ndi woweruza Beatrice Ntuba ankamva madandaulo a amayi omenyedwa ndi amuna awo ndi a ana ozunzidwa, kotero kuti nkhanzazo zimamveka kuchokera pakamwa pa odandaula, pamaso pa oimbidwa mlandu, popanda mawu a wofotokozera woikidwa pamwamba pa zithunzi.

Kajambulidwe kotere kamafuna gulu laling'ono, nthawi zambiri wonyamula kamera paphewa ndi wotola mawu amene amagwira maikolofoni ya pandodo, chifukwa m'chipinda modzaza alendo ndi magetsi mayi sangaulule za kugwiriridwa. Wojambula amaima chapambali, kamera ili molingana ndi maso a wolankhula, ndipo mayiyo akakhala chete n'kuyamba kupotokola nsonga ya nsalu yake, wojambulayo sazimitsa makina kapena kuponya funso, pakuti zimene zimatsatira kukhala chete kumeneko kawirikawiri ndizo zinali zobisika. Ntchito yodula ndi kulumikiza zithunzi ikafika, mphindi zoterezi ndizo zimayamba kutayidwa ndi amene akuthamangira nthawi ya wailesi ya kanema, ndipo kumeneko n'kulakwitsa.

Chilolezo nacho sichithera pa kusaina pepala, popeza ojambula amanyamuka pomwe mayiyo amatsala pafupi ndi mwamuna womuchitira nkhanzayo ndi abale ake. N'chifukwa chake wojambula wosamala amamufunsanso kanemayo asanaonetsedwe, ndipo ngati pali chiopsezo amabisa nkhope, dzina ndi mudzi, kapena kuchotseratu gawo lonselo ngakhale litakhala lomwe linajambulidwa bwino koposa.