Mafayilo a DLL ndimawasankha ngati fodya

Ndinakulira m'chigafa. Bambo anga ankalima fodya cha ku Mtunthama, ndipo ndisanafike Sitandade 5 ndinali nditadziwa kale kuti tsamba lapansi silimangidwa pamodzi ndi lakunsonga. Lero ndimakonza makompyuta pa boma pa Kasungu, koma maso amene ndimagwirira ntchito ndi omwe aja.

Msika wa ku Chinkhoma ukatsegulidwa, ndalama zimayamba kuyenda ndipo malaputopu a kaunjika amachuluka patebulo langa. Amabwera nawo makalaliki a m'maesiteti, alembi a makalabu a alimi, ngakhalenso aphunzitsi. Dandaulo limakhala lofanana: "Achimwene, pulogalamu ikukana kutseguka, akuti msvcp140.dll ikusowa."

DLL ndi fayilo imene mapulogalamu ambiri amabwerekana. Kwathu jeke yodindira fodya inali imodzi, ndipo ikathyoka mabanja onse ankangokhala manja lende. Fayilo yotereyi ikasowa, mapulogalamu atatu kapena anayi amaima tsiku limodzi.

Choyamba ndimafunsa kuti fayiloyo kwawo n'kuti. Zina ndi za Windows mwini wake, monga kernel32.dll, user32.dll ndi ntdll.dll. Zimenezi sindizichotsa kapena kuzisuntha. Zikawonongeka ndimalemba lamulo la sfc /scannow kuti Windows izikonze yokha.

Zomwe zimanditangwanitsa kwambiri ndi za Visual C++, zimene Microsoft imapereka kuti mapulogalamu a makampani ena azitsamirapo. Ubwino wake, nambala ya m'dzina imaulula chaka. Ndikaona msvcr100.dll ndimadziwa kuti ndi ya 2010, ya 120 ndi ya 2013, pomwe ya 140 ndi ya 2015 kubwera kuno. Ndimasunga maphukusi a Visual C++ a zaka zonsezi pa fulashi yanga, chifukwa bandulo ndi yodula ndipo magetsi sapangana nawo. Ndimaika phukusi lonse, osati kafayilo kamodzi. Palinso zina zobwera ndi pulogalamu yake, zokhala m'foda yakeyake. Izo sizivuta, timangoikanso pulogalamuyo.

Pali msampha umodzi umene unandigwira ndikuyamba kumene. Pa Windows ya 64-bit, foda ya System32 imasunga mafayilo a 64-bit, ndipo a 32-bit amakhala mu SysWOW64. Mayinawa amasocheretsa. Dzina la fayilo limakhala limodzimodzi, koma ukasakaniza, pulogalamu imakana n'kulemba 0xc000007b. Tsiku limenelo ndinatha masana onse pa laputopu ya mayi wina amene ankafuna kusindikiza mndandanda wa mabelo a kalabu yawo, lole ikudikira panja. Zinandipweteka mumtima, ndipo sindinayambirenso.

Gulu lomaliza ndimalitcha alendo. Bambo wina anabwera ndi fulashi, nkhope ili yakugwa, akuti zikalata zonse za ngongole ya feteleza zafufutika. Nditaitsegula ndinapezamo kachizindikiro kamodzi ka shortcut basi. Nditayang'ana mu Properties, ndinaona kuti kakuitana rundll32.exe kuti itsegule DLL ya dzina losawerengeka, zilembo ndi manambala zongosakanikirana. Fayiloyo inalibe dzina la kampani, inalibe siginecha, ndiponso inakhala pamalo posayenera. Inali vairasi. Zikalata zinali momwemo, zinangobisidwa m'foda yopanda dzina. Nditazitulutsa ndinati, "Bambo, ndi izi." Anagwira pakamwa kwa kanthawi asanayankhule.

N'chifukwa chake sindigwirizana ndi anzanga ena amene amangotola DLL imodzi pa intaneti n'kuiponya mu System32. Ku okushoni belo likapezeka kuti mkati mwabisidwa fodya woipa limabwezedwa, koma kompyuta imatha kulandira ngakhale fayilo yoipa imene mwaipatsa bola dzina lifanane.

Uthenga wa DLL ukatuluka pa kompyuta yanu, musautseke msanga. Ujambuleni ndi foni, dzina lonse ndi nambala yake zioneke, ndipo mubwere nacho chithunzicho pamodzi ndi chaja ya laputopu.