Za Mau Osinthika ndi Maina Osasinthika

Munthu aliyense amene analemberapo nkhalamba kalata yomka kwa mwana wache ku Johannesburg adziwa kuti mau ali ndi abale ao. Nkhalamba ikati, "Lemba kuti mphwache wafa," ife tilemba kuti wamwalira, kapena kuti watisiya. Ndipo palibe wotiimba mlandu, pakuti nkhani ili yomweyo, tangoifunditsa nsaru. Koma ikachula dzina la womwalirayo, pamenepo dzanja limangika. Ngati dzina lache ndi Mavuto, sindikhoza kulemba Masautso, angakhale mau awiriwa ali a bere limodzi. Ndikatero, mwana uja adzalira maliro a munthu wosamdziwa, kapena sadzalira konse.

Ndalemba makalata otere ambiri, ndipo ndaona kuti kusintha mau sikuvuta kwenikweni. Chovuta ndicho kuzindikira kuti ili ndi dzina, awa ndi mau wamba. Maina athu ambiri ali mau a masiku onse: Chisoni, Tsoka, Madalitso. Chinenero chathu chitithandiza ndithu, pakuti titi "tsoka lafika" ponena za choipa, koma "Tsoka wafika" ponena za mwana. Komatu ulemu ukalowapo thandizo lichepa: "mavuto abwera" ndi "a Mavuto abwera" asiyana ndi kachilembo kamodzi, ndipo wa makutu olemera akhoza kuyamba kulira pamene ayenera kuyala mphasa.

Alendo avutika koposa. David Livingstone atafika pa nyanja yathu m'chaka cha 1859 anamva mau akuti nyasa, ndiwo nyanja pa Chiyao, nawalemba ngati dzina la madziwo. Motero nyanja inachedwa Nyanja, ndipo dziko lomwe linachedwa Nyasaland kufikira 1964. Zichitikanso mobwerera: Farao wa ku Aigupto si dzina la munthu mmodzi iai, koma la mpando, monga Kalonga kwa ife, ndi Kandake wa m'Machitidwe 8 chimodzimodzi.

Tsono lingalirani katundu wa omasulira Malembo. Ife tiona chilembo chachikulu poyamba pa dzina, tiyesa kuti chinalipo kuyambira kale. Iai. Chihebri chilibe zilembo zazikulu ndi zazing'ono, ndipo mabuku akale a Chihelene analembedwa ndi zazikulu zokhazokha. Chilembo chachikulu chilichonse m'Buku mwathu ndicho chiweruzo cha womasulira. Mau akuti adamu pa Chihebri ndiwo munthu, ndipo afanana ndi adama, ndiyo nthaka. M'mitu yoyamba ya Genesis womasulira ayenera kusankha pamene adzaleka kulemba "munthu" nayamba kulemba "Adamu", ndipo omasulira sanavomerezane ndime yache kufikira lero. Satana nawonso ali mau wamba, ndiwo wotsutsa kapena mdani. Pa 1 Mafumu 11 anenedwa za Hadadi wa ku Edomu, munthu ngati ife. Pa Numeri 22 anenedwa za mthenga wa Yehova amene anatsekera Balamu njira. Womasulira akadaika chilembo chachikulu pamenepo, akadasandutsa mngelo kukhala mdierekezi! Koma m'buku la Yobu mau omwewo aloza mmodzi yekha, ndipo dzina liyenera.

Mlandu waukulu woposa yonse uli pa dzina la Mulungu. M'Chihebri lilembedwa ndi zilembo zinai, YHWH, ndipo lipezeka m'Chipangano Chakale koposa ka 6,000. Ayuda, poliopa, anazolowera kulilambalala powerenga nanena Adonai, ndiko kuti Ambuye; omasulira a Chihelene anatsata mwambo womwewo. Iwowa anachotsa dzina naikapo mau a ulemu, monga achitira mkazi wa kwathu wosachula dzina la apongozi ache. William Murray ndi anzache, potulutsa Buku Lopatulika m'chaka cha 1922, analisunga ngati dzina, nalemba Yehova. Omasulira Buku Loyera la 1998 anayenda njira yachitatu: anaikapo dzina la kwathu kuno, Chauta, limene makolo anaitana popempha mvula.

Ndamva akulu a mpingo akukangana za ichi pansi pa mtengo, atatuluka m'mapemphero. Wina ati, "Dzina silimasuliridwa, kodi mungamuche Mose dzina lina?" Mnzache ayankha, "Nanga Yehova ndiko kachulidwe ka Mose? Ophunzira Chihebri ati mwina linamveka Yahwe." Onse awiri anena zoona. Ine lilime langa linakula ndi Yehova, ndipo poimba silifuna kusintha. Koma sindiyesa Chauta chinyengo, chifukwa mlendo wokhalitsa pamudzi timpatsa dzina la pamudzipo, osamsintha iye mwini. Chimene ndikana ine ndi ichi: kuyesa Yehova, Chauta, Ambuye, Namalenga ndi Mphambe ngati nyemba za m'lichero limodzi, zoti wowerenga atapepo monga afuna. Ambuye ndi udindo. Namalenga anena za nchito ya kulenga. Mphambe akumbutsa za bingu ndi mphezi. Wowerenga pa guwa amene asinthanitsa awa kuti mau akome m'makutu wayamba kumasulira yekha, wosatumidwa.

Chifukwa chache ine, ndikapatsidwa kuwerenga Lamulungu, ndiyamba ndayang'ana buku lili pa gome. Likakhala Buku Lopatulika nditi Yehova. Likakhala Buku Loyera nditi Chauta, angakhale nkhalamba zina za pa mpando wa kutsogolo zing'ung'udza. Ndikamafotokozera ana pambuyo pache, ndisintha mau ovuta momasuka: chisomo nditi kukoma mtima kosatiyenera, kulapa nditi kutembenuka mtima. Koma akandifunsa chifukwa chache mabuku awiri a m'nyumba imodzi achula maina awiri, ndiwalembera zilembo zinai zija pa dothi, ndi kuwauza za Ayuda amene anaziona ndi maso, osazichula pakamwa.