Mlandu wa ku Migodi Sutha ndi Ng'ombe

Kuyambira m'masiku a atsamunda, midzi ya ku Cigawo ca Kum'mawa yakhala ikutumiza ana ake ku Migodi. Kale anali kupita kukakumba mkuwa ku Nkana ndi ku Luanshya. Lero ambiri apita kukacita maganyu, kukagulitsa pa msika wa Chisokone mu Kitwe, kapena kukayendetsa mabasi mu Ndola. Kumudzi kufika ndalama za feteleza ndi za sukulu, koma nthawi zina kufikanso uthenga woziziritsa nkhongono, wakuti mwana ali m'manja mwa apolisi. Pamenepo makolo afunsa zambiri: kodi akudya, kodi ali bwino, kufunika ndalama zingati? Funso loposa onsewa ambiri aliiwala, ndilo lakuti: kodi mlanduwo aulemba dzina lanji? Pakuti dzina la mlandu ndilo linena bwalo limene lidzauweruza, linena ngati belo ilipo, ndiponso zaka zimene munthu angakhale m'ndende.

Mkulu wina wa ku dera la Katete anaphunzira zimenezi mowawa. Mwana wake wa zaka 23, amene anali kukhala ku Chimwemwe mu Kitwe, anamangidwa pamodzi ndi anzake awiri. Usiku wina pocokera kumowa anaimitsa munthu panjira, namlanda foni ndi ndalama zocepa. Mmodzi wa anzakewo anatulutsa mpeni, ngakhale sanabaye munthu. Mwana wa mkuluyo anangoima kutsogolo kutseka njira. Mkuluyo atamva anati foni ndi kanthu kakang'ono. Kwao anali munthu womveka pa bwalo la amfumu, ndipo anali ataona milandu ya ndeu ndi ya ng'ombe zodya m'munda wa eni ikutha ndi mbuzi kapena nkhuku. Anagulitsa ng'ombe ziwiri, imodzi yolimira, nakwera basi yodzera ku Lusaka, poyesa kuti pobwerera adzakhala ali ndi mwana wake. Akale sananame: nkhuyu zodya ana zipota akulu.

Atafika anayamba monga mwa mwambo. Anafunafuna mwini foni, napepesa, namuonetsa ndalama. Munthuyo anayankha mwaulemu: "Atate, ine ndilibe nanu mangawa, koma mlanduwu suli m'manja mwanga." Mkuluyo anayesa kuti akukweza mtengo, komatu munthuyo ananena zoona. Mu Zambia mlandu uliwonse wa upandu pamutu pake palembedwa kuti The People, ndiko kunena kuti anthu a dziko lonse ndiwo akuimba mlandu wakutiwakuti. Wolandidwa foni ali cabe mboni ya Boma.

Mkuluyo anafunsanso ngati mlandu ungasamutsidwe kuti ukakambidwe kwao, kumene amdziwa. Maiko ena monga America ali ndi malamulo a mitundu iwiri: cigawo ciliconse cili ndi malamulo ndi makhoti ake, ndipo boma lalikulu lilinso ndi milandu yake ndi makhoti ake. Kuno sikutero. Lamulo la ku Kitwe ndilo lomwelo la ku Chipata, ndipo kawirikawiri mlandu uweruzidwa ku dera kumene unacitikira, kumene kuli mboni.

Mabuku akulu a nkhaniyi ndi awiri. Penal Code, Caputala 87 ca malamulo a Zambia, imene inayamba kugwira nchito mu 1931, ichula milandu ndi zilango zake. Criminal Procedure Code, Caputala 88, ilongosola kayendetsedwe ka milanduyo. Buku loyambalo ligawa milandu pawiri. Yaikulu ichedwa felony: ndiyo imene lamulo laicha motero, kapena imene cilango cake cifika zaka 3 za ukaidi wa kalavula gaga ndi kupitirira. Yaing'ono ichedwa misdemeanour, ndipo ngati lamulo silinachule cilango cina, wolakwa sapitirira zaka 2 m'ndende, kapena alipira faindi.

Kusiyana kumeneku ndiko kunatseka njira ya mkulu wa ku Katete. Ndime 8 ya Caputala 88 ilola majisitireti kuyanjanitsa anthu pa milandu monga ya kumenyana ndi ina ya pakati pa munthu ndi mnzake, pokhapo ngati siifika pa felony. Ndipo ndime 113 ya Penal Code inena kuti wolandira ndalama kapena katundu kuti abise felony, kapena kuti aleke kucitira umboni, nayenso wapalamula. Mwini foni akadalandira ndalama za ng'ombe zija kuti atseke pakamwa, akadadzikokera mlandu.

Tsono taonani m'mene foni imodzi ikwerera makwerero atatu. Woitenga mwakacetecete wacita kuba wamba, ndipo cilango cake sicipitirira zaka 5. Woilanda mwa kumenya kapena kuopseza wacita cifwamba, ca zaka zofika 14. Koma ngati wolandayo anali ndi cida, kapena anali pamodzi ndi mnzake ngakhale mmodzi yekha, mlanduwo ukhala cifwamba coopsa ca pa ndime 294, cochedwa aggravated robbery, ndipo cilango cake sicicepera zaka 15. Lamulo siliyang'ana mtengo wa foni. Liyang'ana mantha amene munthu anapatsidwa panjira.

"Koma mwana wanga sanagwire mpeni," anatero mkuluyo kwa aliyense womumvera. Ndime 21 ndi 22 za Penal Code ziyankha kuti wothandiza, ndiponso onse amene anapangana kucita coipa pamodzi, asenza mlandu wofanana ndi wa amene anacita ndi dzanja lake. Lamulo lomweli linaoneka mphamvu yake kuciyambi kwa 2020, pamene mbiri ya anthu opopera mankhwala m'nyumba, imene inayambira ku Chingola, inafalikira dziko lonse. Magulu a anthu anapha amene anawaganizira, ndipo ena a m'maguluwo anaimbidwa mlandu wakupha. Kunena kuti "tinali ambiri" sikupeputsa mlandu.

Dzina la mlandu lisankhanso bwalo. Local Court iweruza makamaka za mwambo monga maukwati ndi malipo. Khoti la majisitireti liweruza milandu yambiri ya upandu, koma mphamvu yake ya cilango ili ndi malire. Cotero pa mlandu wogona mwana wosafika zaka 16, umene kuyambira 2005 cilango cake sicicepera zaka 15, majisitireti akapeza munthu wolakwa amtumiza ku High Court kuti akalandire cilango. Milandu yakupha, youkira Boma ndi ya cifwamba coopsa izengedwa ku High Court kokha, ndipo ku Migodi khoti limeneli likhala mu Ndola ndi mu Kitwe.

Ici ndico cinamtopetsa mkuluyo. Kawiri konse anakhala m'khoti la majisitireti, naona mwana wake akuimirira mphindi zowerengeka cabe, nauzidwa tsiku lina. Sikunali kuzengereza kwa woweruza. Majisitireti analibe mphamvu yomva mlanduwo. Anali kuyembekeza cikalata cocokera kwa mkulu wa ozenga milandu ya Boma, Director of Public Prosecutions, amene atsogolera National Prosecution Authority, bungwe lokhazikitsidwa ndi lamulo la 2010. Apolisi afufuza ndi kumanga, koma ofesi imeneyi ndiyo iwerenga umboni ndi kusankha ngati mlandu upite ku High Court, usinthidwe dzina, kapena uimitsidwe. Ukaimitsidwa motero, munthu amasulidwa koma sanayeretsedwe, ndipo angamangidwenso. Belo nayo panalibe, pakuti ndime 123 ya Caputala 88 iletsa belo pa milandu monga yakupha, youkira Boma ndi ya cifwamba coopsa. Mnyamatayo anadikira ali ku ndende ya Kamfinsa.

Pakati pa kudikiraku anatulukira munthu wobvala jekete, amene anati adziwana ndi akulu-akulu ndipo angasowetse mapepala a mlandu. Anatenga mtengo wa ng'ombe imodzi, ndipo sanaonekenso. Thandizo leni-leni linacokera kumene mkuluyo sanayembekeze, ku Legal Aid Board, bungwe la Boma lopereka maloya kwa osauka. Loya wa kumeneko anamkhazika pansi nati: "Bambo, sungani ndalama zatsalazo. Cimene mwana wanu afuna tsopano ndi mboni ndi coonadi."

Ku High Court kulibe gulu la anthu wamba oweruza monga ku America. Woweruza mmodzi amva zonse, ndipo Boma liyenera kutsimikiza mlandu mosasiya cikaiko. Mwini foni anawazindikira onse atatu, ndipo foniyo inapezeka kwa munthu amene anaigula kwa iwo. Anapezeka olakwa. Loya anadandaula kuti mnyamatayo anali asanapalamulepo, ndipo woweruza anamva, nampatsa cilango cocepetsetsa cimene lamulo lilola, zaka 15, kuwerengera pa tsiku limene anamangidwa. Pansi pa pamenepo woweruza sakanatha kutsika, ngakhale akadafuna. Njira yotsala inali apilo ku Court of Appeal, khoti limene linabwera ndi kusintha kwa malamulo oyendetsera dziko kwa mu 2016.

Cikadakhala kuti mnzake uja anatulutsa mfuti m'malo mwa mpeni, nkhani ikadakula koposa. Kwa zaka zambiri cifwamba ca mfuti cinali ndi cilango ca imfa, monga kupha ndi kuukira Boma. Akaidi otsiriza kunyongedwa ananyongedwa mu 1997 ku ndende ya Mukobeko mu Kabwe, ndipo pa 23 December 2022 Pulezidenti Hakainde Hichilema anasaina lamulo locotsa cilango ca imfa mu Penal Code. M'malo mwake muli ukaidi wa moyo wonse.

Banja lolandira uthenga wocokera ku Migodi lisathamangire kukhola. Liyambe lafunsa dzina la mlandu ndi nambala ya ndime yake, ndi khoti limene mwanayo adzaonekera. Ngati ndi mlandu wolola kutuluka, bondi ya ku polisi ndi yaulere, ndipo wofuna ndalama kaamba ka bondiyo akuba. Ngati ndi mlandu waukulu, wopita ku Migodi afikire ku Legal Aid Board, kapena ayambe wafunsa ku ofesi yao ya ku Chipata asanakwere basi. Safunsa anadya phula. Ndipo pamene mnyamata akumanga katundu wa ulendo wa ku Kitwe kapena ku Ndola, amalume ake pomlangiza za mowa ndi za akazi aonjezepo ici: m'tauni, kuimirira pambali pa mnzako wogwira mpeni ndi zaka 15.