Moto Pakati pa Madzi Oundana

Tonse tidziwa kuti moto ndi madzi sizigona nyumba imodzi. Koma kumwera kwenikweni kwa dziko lapansi, ku Antarctica, kumene madzi oundana aphimba nthaka caka conse, kuli phiri lochedwa Erebus limene lifuka usana ndi usiku. Kutalika kwace ndi mapazi oposa 12,000, pamene Mulanje wathu amene timnyadira safika 10,000. James Clark Ross analiona m'caka ca 1841, nalipatsa dzina la combo cace. Pamwamba pace pali cidzenje, ndipo m'cidzenjemo muli thamanda la miyala yosungunuka, yobwata ngati phala pamoto.

Anzanga ena m'kalasi mwathu ati zimenezi nzabodza, pakuti cisanu cotere cikadazima motowo kalekale. Ine nditi iai. Moto umenewu suyaka ndi nkhuni. Ucokera pansi penipeni, kumene miyala iri yotentha koopsa, ndipo cisanu cingokhudza khungu lokha la dziko. Cimene cisanu cikhoza kugwira ndi nthunzi yoturuka m'ming'alu ya phirilo. Nthunziyo iundana pomwepo, nimanga nsanja zonga zulu za ciswe, zina zazitali kuposa nyumba.

Koma mtima wanga uli pa anthu okhala kumalo otere. Kwathu kuno nyumba ikapsa uthawira kwa anansi, ndipo ngakhale ugone pabwalo, kuca uli moyo. Nanga kumeneko uthawira kuti? Pafupi ndi Antarctica pali cisumbu ca Deception, cimene conse ndi phiri la moto, ndipo nyanja inalowa m'kamwa mwace, kotero kuti zombo ziima m'kati mwa phirilo. Mu December 1967 linaphulika, ndipo phulusa linaononga msasa wa anthu a ku Chile ofufuza za nyengo. Iwo anathawa pansi, phulusa likuwagwera, kufikira kumsasa wa Angerezi, kumene ndege za helikopita zinawatola. Angerezi anabwereranso, koma m'caka ca 1969 moto unabuka kunsi kwa madzi oundana, nuwasungunula. Cigumula ca matope cinatsika ndi kugumula nyumba zao, ndipo msasawo anausiya.

Amayi ati ndine wopenga pofuna kukaona malo otere, ine amene ndimanjenjemera ndi cisanu ca mu June. Komabe geography ndiigwira ndi manja awiri, ndipo mapu a Antarctica ndawamata kale m'kati mwa bokosi langa.