Kamera yomwe inkadziwa kudikira

Mu 1959 Jette Bang, mayi wojambula wa ku Denmark, adafika ku Qatar pamodzi ndi Klaus Ferdinand, katswiri wa chikhalidwe cha anthu. Adakakhala pakati pa mafuko oweta ngamira m'chipululu, a Al Murrah kumwera ndi a Al Naim kumpoto. Dzikoli lidali litayamba kugulitsa mafuta kunja mu 1949, koma chumacho chidali chisanafike m'mahema. Zomwe adajambulazo zidatuluka mu 1962 m'filimu yotchedwa Beduiner.

Chimene chimandikhudza pa ojambula a nthawi imeneyo ndi kudekha. Filimu idali yodula, mpukutu wake osachedwa kutha, ndiye munthu sankajambula chisawawa. Ankayamba wakhala pansi, kumwa nawo khofi, kuzolowerana ndi eni mudzi mpaka aiwale zoti pali mlendo. Poti adali mkazi, Bang adaloledwa kulowa mbali ya amayi m'hema, komwe mwamuna wachilendo sakadapondako phazi. Kumeneko adaona manja akupota ubweya, ana akusewera pafupi ndi moto, banja likuzula hema n'kulisenzetsa ngamira.

Ife kwathu mwayi wotere udatisowa. Mafilimu a Central African Film Unit, bungwe lomwe lidayamba mu 1948, ankazungulira midzi ya Nyasaland ndi cholinga chotilangiza. Anthu ankachita kuuzidwa poima ndi chochita. N'chifukwa chake kayendedwe ndi kasekedwe kenikeni ka agogo athu n'kosowa m'zithunzi.

Tibwerere ku Qatar: pitani ku Al Aziziya lero. Mukatsika metro pa siteshoni yomaliza ya Gold Line, mupeza Villaggio Mall ndi ngalande yake yamabwato m'kati, denga lopakidwa ngati thambo, ndiponso bwalo la Khalifa lomwe lidachititsa nawo World Cup ya 2022. Aliyense foni ili m'mwamba. Koma munthu akangoona kuti akujambulidwa amakonza kolala, amwetulire, ndipo masekondi pang'ono zatha.

Luso ndi ndalama zilipo ku Doha: Al Jazeera idatsegula kanema wa madokumentale mu 2007, Doha Film Institute idabwera mu 2010. Chimene ndimalakalaka n'chakuti wina akhale mwezi wathunthu pamalo okwerera basi m'mbandakucha, pomwe alonda ndi oyeretsa ochokera ku Nepal, Kenya ndi Uganda amadikira akusinza, awajambule osawafunsa funso n'limodzi lomwe.