Omanga ndi Osesa: Zimene Tinaona ku Angkor

Ambiri mwa inu mwakhala mukundifunsa za ulendo umene ine ndi mayi akunyumba tinayenda ku Cambodia, atatiitana mwana wathu wamkazi amene amagwira ntchito ku Asia. Zithunzi mwaziona kale pa tsamba lino. Lero ndafuna ndikutulireni chinthu chimodzi chimene chakhala mumtima mwanga chibwerere: kumanga chinthu chachikulu kumatha m'zaka zowerengeka, koma kuchisunga kumafuna mibadwo, ndipo osungawo kawirikawiri mayina awo salembedwa paliponse.

Malowo amatchedwa Angkor, ndipo ali pafupi ndi tawuni ya Siem Reap, kumpoto chakumadzulo kwa dzikolo. Kumeneko kunali likulu la ufumu wa anthu a mtundu wa Khmer, umene unayamba mu 802 pamene Jayavarman II analongedwa ufumu pa phiri la Kulen, ndipo unakhalapo zaka zoposa 600. Chiphaso cholowera masiku atatu ndi madola 62 a ku America munthu mmodzi. Akuluakulu anati safunsa anadya phula, choncho mwana wathu anatipezera bambo wina wa komweko, wovomerezedwa ndi boma, kuti atiperekeze ife atatu tokha masiku onsewo. Anali munthu wodekha, wa zaka za m'ma 40. Popereka moni ankagundanitsa zikhatho pachifuwa, ndipo ine ndi mayi ankatitcha "Om", amene ndi mawu oitanira munthu wamkulu kuposa makolo ako. Ubwino wokhala ndi wokuperekeza wanuwanu ndi wakuti mumayenda monga mwa mphamvu ya mawondo anu, ndipo mukafunsa funso amaima nakuyankhani bwinobwino.

Ndinene poyera kuti akachisi amenewa anamangidwira chipembedzo cha Chihindu ndi cha Chibuda. Ife sitinapite kukapembedza. Tinapita monga alendo, titavala zophimba mapewa ndi mawondo monga mwa lamulo la pamalopo, ndipo eni ake tinawapatsa ulemu umene ifenso timafuna kwa mlendo wolowa m'nyumba yathu yopemphereramo.

Tsiku loyamba tinayambira ku Angkor Wat, kachisi amene chithunzi chake chili pa mbendera ya Cambodia. Anamumanga ndi mfumu Suryavarman II, amene anayamba kulamulira mu 1113. Kuti mufike pachipata mumawoloka dziwe lokumbidwa ndi manja limene linazungulira malo onse, lotambalala mamita 190. Nsanja yapakati ndi yaitali mamita 65. Miyala yake inkachokera ku phiri la Kulen, mtunda wa makilomita pafupifupi 40, ndipo makoma ake ndi ozokotedwa kuyambira pansi mpaka pamwamba: asilikali, njovu, magaleta ndi akazi ovina. Ine ndinkangoyang'ana kumwamba, koma wotiperekezayo anatilozera pansi. M'khonde lina munali amayi achikulire akusesa ndi matsache, ndipo mnyamata wina anali pamakwerero kuzula timitengo timene tinamera m'ming'alu ya miyala. Anati, "Om, kumbukirani anthu awa, ndidzakuuzani chifukwa chake masana ano."

Masanawo anatitengera ku Ta Prohm, kachisi amene mfumu Jayavarman VII anamanga mu 1186 polemekeza mayi ake. Mwala wolembedwa umene unapezeka pamenepo umanena kuti anthu oposa 12,000 ankakhala ndi kutumikira pamalopo, mwa iwo ovina 615, ndipo ena pafupifupi 80,000 a m'midzi yozungulira ankapereka chakudya ndi zofunika zina. Lero pamalopo mafumu ake ndi mitengo. Mizu yonenepa kuposa thupi la munthu yatsika kuchokera padenga, yakumbatira zipata, yang'amba makoma. Ina mwa mitengoyo ndi ya mtundu wa kachere. Mbalame imadya chipatso nigwetsera kanjere pamwamba pa khoma, kanjereko kamamera, muzu wake woonda ngati ulusi umalowa pakati pa miyala iwiri kufunafuna chinyezi, ndipo pakapita zaka umanenepa nusuntha mwala umene amuna khumi sangaunyamule.

Pamenepo wotiperekeza uja anakwaniritsa lonjezo lake. Anati akachisi awiriwa anamangidwa ndi miyala ya mtundu umodzi, m'nkhalango imodzi, pansi pa mvula imodzi, ndipo Angkor Wat ndiye wamkulu pa zaka. Kusiyana kwake ndi kwakuti likulu litasamuka, Ta Prohm anasiyidwa, pamene ku Angkor Wat kunatsala amonke achibuda ndi anthu a m'midzi amene sanaleke kufikako. Dziwe lozungulira lija linathandizanso kutchinga nkhalango. Mabuku ena amalemba ngati kuti Mfalansa Henri Mouhot ndiye anatulukira malowa mu 1860, koma iye anapeza anthu alipo kale. Wansembe wa Chipwitikizi, António da Madalena, anafikako cha m'ma 1586, ndipo mlendo wina wa ku Japan anasiya malemba ake pakhoma mu 1632. Dzina la mfumu yomanga tikulidziwa. Mayina a iwo amene anazula kachere akali kamtengo, chaka ndi chaka kwa zaka mazana, palibe amene anawalemba, koma popanda iwo Angkor Wat akanakhala mulu wa miyala.

Tsiku lachiwiri tinatuluka m'makoma kukaona midzi. Tinadutsa minda ya mpunga yosalala mpaka kumene maso amalekezera, njati zoweta zikuvimvinizika m'matope, ndi nyumba zomangidwa pamwamba pa nsanamira. M'mudzi wa Preah Dak tinaima pa khomo lina pamene mayi ankaphika shuga wa madzi a mtengo wofanana ndi mvumo wa kwathu. Amuna awo amakwera mitengoyo m'mawa ndi madzulo kukatsitsa madzi amene adonthera m'zotengera, ndipo madziwo akachedwa kuphikidwa amasasa. Tikumwa madzi ozunawo, wotiperekeza anatifunsa ngati tikudziwa pamene takhala. Tinali pakati pa damu lakale lotchedwa East Baray, lotalika makilomita oposa 7, limene lero ndi louma ndipo muli midzi ndi minda. Linzake, West Baray, ndi lotalika makilomita 8 ndi lotambalala makilomita 2, ndipo mbali ina likadasunga madzi mpaka lero.

Apa mpamene ndinamvetsa chimene chinkadyetsa mzindawo. Ku Cambodia mvula imagwa miyezi pafupifupi isanu ndi umodzi, kenaka kumauma. Anthu a Khmer anapatutsa mitsinje yochokera ku phiri la Kulen, nakumba madamu ndi ngalande zogawira madzi ndi zochotsera osefukira. Mtumiki wa boma la China, Zhou Daguan, amene anakhala ku Angkor mu 1296 ndi 1297, analemba kuti anthu ankakolola katatu kapena kanayi pachaka. Akatswiri amene anajambula deralo kuchokera mumlengalenga anapeza kuti midzi, minda ndi ngalande za mzindawo zinatenga malo okwana masikweya kilomita pafupifupi 1,000. Zonsezo zinkadalira anthu ochotsa matope m'ngalande ndi otseka pamene mpanda wa damu wayamba kudontha.

Tsono akatswiri ena amene anapima mizere ya m'kati mwa mitengo yakale ya m'mapiri a ku Vietnam anapeza kuti m'zaka za m'ma 1300 ndi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1400 kunagwa chilala cha zaka zambiri, ndipo pakati pake kunkabwera mvula yoopsa. Madzi osefukira anagumula ngalande zina, nadzaza zina ndi mchenga. Pafupi ndi mzinda wakale wa Angkor Thom anationetsa mlatho wamiyala wotchedwa Spean Thma: uli chiimire pouma, pakuti mtsinje unadzikumbira njira ina yakuya pambali pake. Panalinso zifukwa zina, monga malonda amene anasamukira kufupi ndi nyanja yaikulu, ndiponso nkhondo ndi ufumu wa Ayutthaya, umene ankhondo ake analowa mu Angkor mu 1431. Koma pamene adaniwo ankafika, mzindawo unali utafooka kale. Kenaka likulu linasamukira kum'mwera, kudera la Phnom Penh.

Tsiku lachitatu tinaona kuti chikumbukiro nachonso chimafuna wochisunga. Kachisi wotchedwa Baphuon, wa m'zaka za m'ma 1000, anali kugumuka. M'zaka za m'ma 1960 akatswiri a ku France anamuphwasula mwadongosolo kuti alimbitse maziko, ndipo anayala miyala pafupifupi 300,000 m'nkhalango, uliwonse ndi nambala yake, nalemba m'mabuku malo a mwala uliwonse. Nkhondo inaimitsa ntchitoyo. Mu ulamuliro wankhanza wa Khmer Rouge, kuyambira 1975 mpaka 1979, pamene anthu oposa 1.5 miliyoni anafa ndi njala, matenda, ntchito yakalavulagaga ndi kuphedwa, mabuku aja anatayika. Miyala inalipo yonse, manambala analipo, koma chofotokoza manambalawo panalibe. Ntchito itayambanso m'zaka za m'ma 1990, amisiri ankayesa mwala ndi mwala kuti aone umene ukugwirizana ndi unzake, ndipo anaimaliza mu 2011.

Wotiperekeza wathu anabadwa ulamuliro umenewo utangotha. Anatiuza mosakweza mawu kuti agogo ake aamuna sanawaone, ndipo manda awo sadziwika. Ali mwana, mayi ake ankamuletsa kupatuka panjira ngakhale phazi limodzi, chifukwa m'tchire ndi m'minda munali mabomba okwiriridwa pansi. Madzulo a tsikulo anatitengera ku malo a bungwe la APOPO ku Siem Reap, ndipo kumeneko tinakumana ndi mnansi wathu amene sitinamuyembekezere: bwampini. Makoswe aakuluwa amaphunzitsidwa ku Morogoro m'dziko la Tanzania kuti azinunkhiza wonga wa mabomba, ndipo popeza ndi opepuka, bomba siliphulika akaliponda. Mmodzi wa iwo, dzina lake Magawa, anapeza mabomba ndi zophulika zina zoposa 100, ndipo analandira mendulo ya golide mu 2020. Mayi akunyumba anaseka mpaka misozi, nati nyama imene kwathu timaithamangitsa m'nkhokwe, kuno ikubwezera alimi minda yawo. Ntchito yake ndi yapang'onopang'ono, mzere ndi mzere, koma munda ukayeretsedwa mwana amatha kuthamangamo.

Abale anga, ndakuuzani zonsezi chifukwa mtima wa munthu ndi umodzi kulikonse. Tonse timakonda tsiku loyala maziko ndi tsiku lodula riboni, pamene mayina amawerengedwa ndipo manja amaombedwa. Koma tsiku lokwera padenga kukakhoma lata limene layamba kudontha, anthu amachepa. Pamene tasonkhana kuti timange chatsopano, ndalama zimapezeka. Pamene msungichuma wapempha za penti, za chiswe chimene chalowa m'mitanda, kapena za mjigo umene wafa chifukwa cha kachitsulo kamodzi, timayang'ana pansi. Kachere amene anang'amba Ta Prohm anayamba ngati kamtengo kamene mwana akanakazula ndi zala ziwiri. Momwemonso mkangano wa m'banja, ngongole ya m'gulu, ndi mng'alu wa pakhoma la nyumba imene makolo anatisiyira kumudzi.

Ndipo inu achibale, makamaka ana ndi adzukulu, phunziro la Baphuon ndi lanu. Agogo amene atsala pakati pathu ndiwo mabuku ofotokoza manambala. Iwo ndiwo akudziwa malire a munda, amene anagona m'manda ati, ndi chibale chimene chilipo pakati pa ife ndi a tsidya lija. Mawu a akuluakulu amakoma akagonera, koma amagonera kwa amene anawamva. Mukapita kumudzi tchuthi chikubwerachi, khalani nawo pansi, afunseni, ndipo mulembe kapena mujambule mawu awo pa foni.

Pempho langa ndi ili. Sabata ino aliyense wa ife ayang'ane chinthu chimodzi chimene anachilandira kwa ena, kaya ndi nyumba, munda, udindo kapena ubale, ndipo achitepo kantchito kamodzi kochisamalira, ngakhale palibe amene adzamuyamike. Komanso tipeze nthawi yothokoza, powatchula mayina, amayi amene amasesa m'nyumba yopemphereramo Loweruka lililonse, abambo amene amalambula kumanda, ndi mlembi amene amasunga kaundula wathu. Mapewa awo ndiwo asenza zimene ife timanyadira. Mtendere ukhale nanu nonse, ndipo mupereke moni kwa onse a m'nyumba zanu.