Amalonda a masiku

Agogo anga aakazi, kwathu ku Chipoka, anali ndi nthano imene inkatiopsa koma tinkaipempha usiku ndi usiku. Inali ya amalonda amene ankakocheza ngalawa yawo padoko m'miyezi ya njala. Nsomba sankazifuna, mpunga sankaufunsa. Iwo ankagula masiku. Wowapatsa mawa lake ankamuyezera mbale ya ufa, wowapatsa mwezi wathunthu ankamudzazira dengu. Masikuwo ankawatsekera m'mitsuko n'kukawagulitsa kwa olemera kutsidya la nyanja. Wogulitsayo ankagona wokhuta, koma mvula ikagwa ankapeza kuti tsiku lodzala analidya kale.

Nditakula ndinazindikira kuti agogo ankasimba za amuna awo. Agogo aamunawo anapita kumigodi ya ku Joni kudzera ku Wenela, Kamuzu asanaletse maulendowo mu 1974 ndege itagwa ku Francistown n'kupha amuna ambiri a kuno. Anabwerako ndi njinga, bulangeti ndi chifuwa, ndipo ana awo anawapeza atakula osawadziwa. Komabe ndinkaganiza kuti amalonda a masiku anatha ndi nthawi imeneyo, kufikira zimene zinandichitikira ku Mlangeni.

Ntchito yanga ndi yogulitsa usipa wouma. Ndimaugula kunyanja, ndimakwera nawo mapiri a ku Golomoti mpaka kumsewu wa M1, kenako ndimatsikira ku Mlangeni m'boma la Ntcheu, kumene msewu womwewo ndiwo malire: mbali ino Malawi, mbali inayo Mozambique. Anthu a kumeneko ali ndi kachewere, kabichi ndi nyemba, ife tili ndi nsomba, choncho timafunana.

Mu Januwale 2024 mayi wina amene ankandigula kawirikawiri anandiitanira pambali. Ufa unali utawathera, chimanga chawo chinkafuna fetereza wachiwiri, ndipo sankafuna kupita kukagwira ganyu kutsidya kwa msewu munda wawo uli m'tchire. Alimi onse amadziwa msampha umenewu: masiku amene olemera amafuna aganyu ndi omwewo amene munda wa wosauka umafuna khasu. Anandipempha K30,000. Ndinawapatsa, n'kunena kuti pakutha pa mwezi abweze K45,000, ndipo akachedwa ngongoleyo ibereka. Mumtima ndinadzitonthoza kuti kwacha inali itachepetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, usipa unali utakwera mtengo kunyanja, ndipo anzanga ambiri pamsika ankachita zomwezo. Dzina lakuti katapila sindinafune kulitchula.

Mu Febuluwale mvula inadula. Mayi aja analephera kubweza, ngongole inafika pa K60,000. Tsiku lina lamsika anabwera ndi K15,000 yokulungidwa pansonga ya chitenje, m'manja muli matuza okhaokha. Anali atapita ku ganyu komwe ankakuthawa kuja, ndipo anatenga ndi mwana wawo wamkazi wa Sitandade 7 kuti mizere ithe msanga. Ndinalandira ndalamazo n'kulemba m'kabuku.

Ramadani itayamba mu Malichi ndinapita kwathu. Titamasula, ndinawauza bambo anga za kabuku kaja monga munthu wodzitamandira kuti wapeza nzeru. Anakhala chete kwa nthawi, kenako anandifunsa:

"Mwananga, usipa umaugula kunyanja n'kukaugulitsa kumtunda, zimenezo ndikuzimva. Nanga ndalama yapamwambayi, mayiwo wawagulitsa chiyani?"

"Ndinawadikira, bambo."

"Ndiye kuti wawagulitsa masiku. Masikuwo iwe unawagula kuti?"

Ndinasowa choyankha. Anandikumbutsa zimene ndinaphunzira kumadrasa ndili wamng'ono, kuti m'Surat Al-Baqarah malonda ndi ololedwa koma riba ndi yoletsedwa, ndiponso kuti wangongole amene wapanikizika ayenera kudikiridwa kufikira atapeza mpumulo. Anati phindu la usipa ndi loyera chifukwa ndimalivutikira: mvula ikanyowetsa matumba panjira, kapena msika ukadzaza nsomba, wotaya ndine. Koma katapila sanyowa, saola, sadziwa chilala. Amakula mwini wake ali m'tulo, ndipo chimene amadya ndi masiku a munthu wina.

Usiku umenewo ndinawerengera. Ndalama yapamwamba imene ndinkafuna inali masabata a mayi aja akulima munda wa eni, inali mizere yawo yosapalira, inali mpando wopanda munthu m'kalasi. Kabuku kanga kanali mtsuko uja wa m'nthano.

Idi itadutsa ndinabwerera ku Mlangeni n'kukawapeza kunyumba kwawo. Ndinawauza kuti ngongole yawo ndi K30,000 yokha, kuti theka anali atabweza kale, ndipo yotsalayo adzapereka akadzapeza. Ndinkayembekezera kuti asangalala. Iwo anangoyang'ana kumunda, kumene mapesi oonda anaima pakati pa udzu, n'kunena motsitsa mawu kuti, "Zikomo, achimwene. Koma munda wapita kale."

Akuluakulu amati madzi akatayika saoleka. Ndalama ndinatha kuzikhululuka, koma masiku opalira a chaka chimenecho ndinalibe kowatenga kuti ndiwabwezere. Mwana uja anabwerera kusukulu, koma anabwereza kalasi.

Kwathu kunyanja msamphawu uliponso. Msodzi wosowa mafuta a injini amakongola kwa wogula nsomba, n'kulonjeza usipa umene udakali m'madzi pamtengo wa njala. Amene timakhala ndi kandalama m'thumba timaitcha thandizo. Ine masiku ano munthu akandipempha ngongole, ndimapereka zimene ndingathe kudikira popanda kuwonjezerapo, ndipo ngati sindingathe ndimanena poyera kuti ndilibe. Mayi aja anamaliza kubweza K15,000 yotsala pang'onopang'ono, ndipo mpaka lero amandigulabe usipa. Akamasankha mulu, ine ndimayang'ana m'manja mwawo.